KALATA YA CONSTANTINE: KODI WOKULANKHULIRA ANGAKHALE NDI MLANDU WA IMFA YAKO?

Pali mlandu wina umene akuluakulu a pabwalo sakonda kuuzenga, chifukwa woimbidwa mlanduyo amafika ndi nkhope yowala. Munthu waona mnzake ali pamavuto, wagwidwa chifundo, wapita kukamlankhulira kwa amene akumvutitsa. Koma kulankhula kwakeko ndiko kwautsa ukali, ndipo wolankhuliridwayo waphedwa. Kodi wachifundoyo timuti chiyani? Tikati ndi wakupha, iye ationetsa manja ake opanda magazi. Tikati alibe kanthu, anamfedwa atifunsa kuti nanga mbale wathu akadafa uyu akadakhala chete? Ndifuna tiliyese funso limeneli pa mbiri ya Akhristu a dziko la Persia, limene lero timalitcha Iran, popeza kumeneko labwerezabwereza kwa zaka zoposa 1,600, ndipo kawirikawiri lafika pamodzi ndi maliro.

Poyamba tichotse ganizo limene ambiri a ife tidakula nalo, loti Chikhristu ndi katundu amene amayenda m'chikwama cha Mzungu. Ku Persia chidafika kulibe ndi mfumu imodzi yomwe ya ku Ulaya yobatizidwa. Buku la Machitidwe a Atumwi limatchula Aparti, Amedi ndi Aelami pakati pa anthu amene adali ku Jerusalem pa tsiku la Pentekoste, ndipo yonseyi ndi mitundu ya chigawo chimenecho. Pamene banja la Sasan lidatenga ufumu m'chaka cha 224, mipingo idalipo kale m'mizinda ya m'mbali mwa mtsinje wa Tigris, ndipo inkapemphera m'chinenero cha Syriac, chimene ndi mphukira ya Chiaramu chomwe Yesu ankalankhula. Mfumu Shapur I, imene idagwira Kaisara Valerian wamoyo m'chaka cha 260, idakusa anthu ambirimbiri a ku Antioch ndi mizinda ina nikawakhazika mkati mwa Persia kuti aimangire mizinda ndi milatho. Ambiri mwa akapolowo adali Akhristu, mpaka bishopu wawo yemwe. Motero mfumu yopembedza kwina idagwira ntchito ya umishoni osadziwa.

Chipembedzo cha mafumu a Persia chidali cha Zoroaster, cha akachisi a moto wosazima. Ansembe ake sadali anthu opusa kapena ofatsa. Mkulu wawo wina dzina lake Kartir, amene adakhala ndi mphamvu kumapeto kwa zaka za m'ma 200, adalembetsa pamiyala, modzitama, kuti adakantha Ayuda, Abuda, Akhristu ndi ena opembedza mosiyana naye. Choncho chidani chidalipo. Koma mfumu idalibe chifukwa choopera Akhristu, pakuti mdani wamkulu wa Persia adali Roma, ndipo Roma yemweyo ndiye ankapha Akhristu. M'chaka cha 303 Kaisara Diocletian adayamba kugwetsa matchalitchi ndi kutentha mabuku awo. Munthu wozunzidwa ndi mdani wako sumuganizira kuti ndi kazitape wa mdaniyo.

Zinthu zidatembenuka ndi Constantine. Atapereka ufulu kwa Akhristu a mu ufumu wa Roma m'chaka cha 313, ndipo atakhala wolamulira yekha mu 324, adalemba kalata kwa mfumu ya Persia, Shapur II. Kalatayo tili nayo chifukwa bishopu Eusebius adaikopera m'buku lake la moyo wa Constantine. Ndi kalata yaulemu. Kaisara akufotokoza Mulungu amene amamtumikira, akukumbutsa za tsoka limene lidagwera mafumu a Roma ozunza Akhristu, akunena kuti wakondwa kumva kuti madera okongola a Persia adzaza ndi okhulupirira, ndipo potsiriza akuwapereka m'manja mwa Shapur kuti awasamale. Mulibe mawu oopseza poyera. Mukaiwerenga ngati ya mbusa, ndi kalata ya chikondi.

Koma taganizani m'mene adaimvera Shapur. Agogo ake, mfumu Narseh, adagonja kwa Aroma nataya zigawo zingapo za kumalire m'zaka zomaliza za m'ma 200, ndipo mnyamatayo adakula ndi chilonda chimenecho. Tsono mwini wa asilikali amene adalanda dziko la agogo ake akumuuza kuti, anthu aja ali m'mudzi mwakowo ndi anga, uwasunge bwino. Mfumu iliyonse ya pamudzi imadziwa tanthauzo lake mfumu inzake ikatumiza uthenga wotere: mlendoyo wayamba kuwerenga mitu ya anthu m'dziko la eni ake. Ndipo Constantine adamwalira m'chaka cha 337 ali pakati pokonzekera nkhondo yokathira Persia yemweyo.

Nkhondo idabuka. Shapur adazinga mzinda wa Nisibis koma adalephera kuulanda, ndipo chuma chidayamba kuchepa. Cha m'ma 340 adalamula kuti Akhristu apereke msonkho wowirikiza, ndi kuti bishopu wa likulu la Seleucia-Ctesiphon, Simeon bar Sabbae, ndiye autolere. Malinga ndi mbiri imene mpingo udasunga, chifukwa chimene chidaperekedwa n'chakuti Akhristu amakhala m'dziko la mfumu koma mtima wawo uli kwa Kaisara. Simeon adakana, nati anthu ake ndi osauka ndipo iye ndi mbusa, kutolera msonkho si ntchito yake. Adaphedwa pa Lachisanu Loyera, atayamba waonerera ansembe ake ambiri akudulidwa mitu. Chizunzo chidapitirira, mwina kukula mwina kuzilala, kufikira imfa ya Shapur mu 379. Wolemba mbiri Sozomen akuti maina a ophedwa amene adakumbukika adafika 16,000.

M'nkhani ya Simeon muli munthu wina amene ine ndimamuona ngati mwini weniweni wa funso lathu. Iyeyu ndi Gushtazad, nduna yokalamba ya m'nyumba ya mfumu, amene adamlera Shapur ali mwana. Poyamba adagonja nalambira dzuwa monga adalamulidwa. Kenaka, atachita manyazi pamaso pa Simeon, adabwerera ku chikhulupiriro chake naweruzidwa kuti afe. Chinthu chimodzi chokha ndicho adapempha kwa mwana amene adamlerayo: kuti wolengeza wa mfumu afuule poyera kuti Gushtazad sakufera mlandu wa kusakhulupirika kwa mfumu kapena nyumba yake, akufera Chikhristu basi. Taonani chimene chidamuwawa mkuluyo. Imfa adailandira. Chimene adakana n'kufa ndi dzina la munthu wogulitsa dziko lake.

Sitinganene kuti Akhristu onse adali oyera pa nkhaniyi. M'chaka chomwecho cha 337 mlembi wina wa mpingo wa ku Persia, Aphrahat, adalemba nkhani ya nkhondo ili nkudza, momwe adatanthauzira masomphenya a mneneri Danieli mosonyeza kuti ufumu wa Roma sudzagonja. Adabisa maina m'mafanizo, koma munthu wa ku nyumba ya mfumu wodziwa kuwerenga sakadavutika kumasula. Walira mvula walira matope. Nanga tingamdzudzule kwambiri Aphrahat? Anthu ake adali ochepa ndi onyozeka, ndipo adamva kuti mfumu yamphamvu koposa padziko yagwada kwa Mulungu wawo. Ndani wa ife sakadatukula mutu?

Tsono tigawe mlandu. Wopha Simeon ndi Shapur, ndipo palibe nzeru za m'kalasi zimene zingachotse lupanga m'dzanja lake n'kuliika m'dzanja la wina. Ndiponso akatswiri a mbiri a masiku ano, monga Kyle Smith ndi Richard Payne, atichenjeza kuti nkhani zambiri za ofera chikhulupirirowa zidalembedwa patapita zaka, ndi kuti chingwe cholunzanitsa kalata ya Constantine ndi chizunzo cha Shapur chidalukidwa ndi olemba a pambuyo pake. Chenjezo limeneli ndi labwino, ndipo likutiletsa kunena kuti pepala limodzi lidapha anthu zikwizikwi. Komabe chimene Constantine adayambitsa, pa kalata ndi pa zochita zake zonse, sichikanika. Iye ndiye adamanga mtanda pa mbendera ya asilikali. Kuyambira pamenepo wozunza Mkhristu wa ku Persia adapeza chifukwa cholemekezeka. Kartir pozunza adayenera kunena kuti ndikudana ndi mapemphero ako. Shapur akadatha kunena kuti ndikuteteza dziko. Chifukwa choyambacho chimachititsa manyazi ngakhale anthu a chipembedzo chako chomwe, koma chachiwiricho chimakopa ndi anthu abwino omwe, ndipo msilikali amagona tulo atapha. Kwa ine mlandu wa wolankhulira wamphamvu uli pamenepa. Amasandutsa nkhani ya chikumbumtima kukhala nkhani ya malire a maiko, iye ali kutali ndi malirewo.

Wina anganditsutse ndi chaka cha 410, ndipo akhala ndi mfundo. Nthawi imeneyo kudali mtendere pakati pa maufumu awiriwa, ndipo kazembe wa Roma, bishopu Marutha wa ku Maipherqat, adakondedwa ndi mfumu Yazdegerd I. Ndi chilolezo cha mfumuyo mabishopu pafupifupi 40 adasonkhana ku Seleucia-Ctesiphon, nakonza malamulo a mpingo, ndipo Akhristu adaloledwa kumanganso matchalitchi. Apa mlendo adabweradi ndi kalumo kakuthwa. Koma ufulu wobwera ndi kazembe umadalira kuti mafumu awiriwo akupatsana moni wotani chaka chimenecho, ndipo sudatha zaka zoposa khumi.

Mmene udathera ndi nkhani yofunika kuima nayo pang'ono. Cha m'ma 420, mu mzinda wa Hormizd-Ardashir, kachisi wa moto adagwetsedwa ndi Akhristu a bishopu Abda. Mfumu idamuitana, ndipo akuti idalankhula naye mofatsa kuti angomanganso kachisiyo nkhani ithe. Abda adakana, naphedwa, ndipo chizunzo chatsopano chidayamba chimene chidakula pa ulamuliro wa Bahram V. Bishopu Theodoret, polemba za nkhaniyi pambuyo pake, adagamula kuti kugwetsa kachisi kudali kulakwa, popeza ngakhale Paulo ku Athens sadagwetse guwa lililonse, koma kuti kukana kumanganso kudali koyenera. Ine chigamulo chachiwiricho chimandivuta. Munthu amene wagumula nyumba yopemphereramo ya mnansi wake ali ndi ngongole, ndipo chikumbumtima chimene chidamlola kugumula koma chikumletsa kubweza n'chikumbumtima chodzikonda, makamaka pamene olipira ngongoleyo ndi amayi ndi ana amene sadanyamule nawo nyundo. Kaya kulimba mtima koteroko akadakhala nako popanda kumva kuti tsidya la malire kuli Kaisara wachikhristu, owerenga aganizire okha. Chodziwika n'chakuti Akhristu othawa adalowa m'dziko la Roma, Aroma adakana kuwabweza, ndipo mu 421 maufumuwo adamenyananso.

Pamenepo mpingo wa ku Persia udachita chinthu cha nzeru zakuya. Pa sinodi ya chaka cha 424, pansi pa mtsogoleri wawo Dadisho, mabishopu adagamula kuti kuyambira tsopano milandu ya mpingo wawo sidzapitanso kwa mabishopu a kumadzulo, ndi kuti pamwamba pa mtsogoleri wawo palibe bwalo lina padziko lino. Adazindikira kuti mapanga awiri avumbwitsa. M'zaka zotsatira adasiyananso ndi Constantinople pa kafotokozedwe ka umunthu ndi umulungu wa Khristu, mpaka adani awo adawapatsa dzina loti a Nestorius, limene eni ake sadadzitche. Sukulu yawo ya ku Edessa itatsekedwa ndi Kaisara Zeno mu 489, aphunzitsi adasamukira ku Nisibis, mkati mwa Persia. Tsopano mfumu ya Persia ikadatha kuona ndi maso kuti Akhristu ake ndi anthu amene Kaisara sawafuna.

Zimene zidatsatira sitidaziphunzire m'makalasi a mbiri ya mpingo, ndipo n'zachisoni. Mpingo wopanda asilikali umenewu udayenda mtunda wautali kuposa mpingo wina uliwonse wa nthawi imeneyo. Wamalonda wa ku Alexandria wotchedwa Cosmas, polemba m'zaka za m'ma 500, adanena za Akhristu a ku Sri Lanka ndi a pa chilumba cha Socotra, kufupi ndi gombe la Somalia, amene ansembe awo ankachokera ku Persia. Kumwera kwa India kudakali mitanda yosema pamiyala yokhala ndi zilembo za Pahlavi, chinenero cha Persia wakale. Zidutswa za Masalimo a m'chinenero chomwecho zidapezeka kufupi ndi Turfan, kumadzulo kwa China. M'chaka cha 635 mmonke Alopen adafika ku Chang'an, likulu la China, ndipo mwala wa chikumbutso umene udaimikidwa mu 781 ukufotokoza za ulendowo. Kwa zaka zoposa 100 boma la China linkatcha matchalitchi awo kuti akachisi a Persia, mpaka lidasintha dzinalo mu 745. Ganizirani zimenezo: kudali nthawi ndi malo kumene munthu akamva za Yesu ankati, chija n'chipembedzo cha anthu a ku Persia.

Sindikuti kudula chingwe cha Roma kudathetsa misozi. Mar Aba, amene adatsogolera mpingo kuyambira 540 mpaka 552, adabadwira m'chipembedzo cha Zoroaster, ndipo kaamba kosiya chipembedzo cha makolo adatha zaka zambiri za utsogoleri wake ali m'ndende kapena kumalo opirikitsidwirako. Mkhristu wobadwa ankaloledwa, koma wotembenuka ayi, ndipo lamulo limeneli lidapitirira pamene Aluya adagonjetsa ufumu wa Sasan cha m'ma 650 ndi kubweretsa Chisilamu. Ndiponso mpingo udangosinthanitsa mthunzi wa mfumu yakunja ndi mthunzi wa mfumu ya kwawo, imene inkafuna kuvomereza yokha mtsogoleri aliyense watsopano. Kusiyana kwake n'kwakuti mfumu ya kwanu, kaya ikhale yoipa, imamwa madzi a mtsinje womwewo ndipo imakufunani mawa. Mkazi wokondedwa wa Khosrow II, Shirin, adali Mkhristu, chimodzimodzinso Yazdin, woyang'anira chuma cha ufumuwo.

Phunziro la 424 lidaiwalika pa nthawi ya Amongolo. Pamene Hulagu adalanda Baghdad mu 1258 ndi kupha Asilamu osawerengeka, Akhristu adasiyidwa amoyo. Mkazi wake, Doquz Khatun, adali wa mpingo wawo, ndipo mtsogoleri wa mpingo adapatsidwa imodzi ya nyumba za khalifa. Kukhala m'nyumba ya mnansi wako wophedwa, yopatsidwa ndi womupha, ndi mphatso yoti munthu aiope. Mu 1287 mmonke Rabban Sauma adatumidwa ndi mfumu Arghun ku Ulaya kukafuna mgwirizano wothira nkhondo Asilamu a ku Egypt. Zaka zisanu ndi zitatu zokha zitapita, mu 1295, mfumu Ghazan idalowa Chisilamu, matchalitchi adagwetsedwa, ndipo mtsogoleri Yahballaha III adagwidwa ndi kumenyedwa ku Maragha. Mu 1310 Akhristu a ku Arbil adaphedwa. Anansi adali asanaiwale 1258. Nkhondo za Timur kumapeto kwa zaka za m'ma 1300 zidapeza mpingo wofooka kale, ndipo otsala adakakhala kumapiri a Hakkari ndi m'chigwa cha Urmia.

Za Shah Abbas I ndingodutsapo. Iye adasamutsa Aarmenia a ku Julfa mu 1604 nawamangira dera lawo ku Isfahan, ndipo adalandira ansembe a Chikatolika chifukwa ankafuna thandizo la mafumu a ku Ulaya polimbana ndi Aturuki. Aliyense pamenepo ankadziwa kuti ndi malonda.

Amishoni a Chiprotestanti ndiwo amativuta kuweruza, popeza ambiri a iwo adali anthu abwino zedi. Henry Martyn, katswiri wa masamu wa ku Cambridge, adafika ku Shiraz mu 1811 chifuwa chitamudya kale, ndipo pamodzi ndi Mirza Sayyid Ali adamaliza kumasulira Chipangano Chatsopano m'chinenero cha Persia chaka chotsatira. Adamwalira panjira ku Tokat mu October 1812 ali ndi zaka 31. Ku Persia sadamange sukulu, sadasiye mpingo. Adasiya buku, lomwe munthu angathe kuliwerenga kapena kulitaya popanda womuona. Pa mphatso zonse za amishoni, iyi ndiyo idali yopepuka kwa woilandira. Komabe ngakhale bukulo lidafika kwa Fath Ali Shah kudzera m'manja mwa Sir Gore Ouseley, kazembe wa Britain, munthu yemweyo amene adakhala mkhalapakati wa pangano la Gulistan la 1813, momwe Persia adataya madera akulu kwa Russia.

Amishoni a ku America, motsogozedwa ndi Justin Perkins, adakhazikika ku Urmia mu 1835 pakati pa zidzukulu za mpingo wakale uja. Adabweretsa makina osindikizira, adalemba chinenero cholankhulidwa cha anthuwo, Fidelia Fiske adaphunzitsa atsikana kuyambira 1843, ndipo pambuyo pake Dr Joseph Cochran adatsegula chipatala ndi sukulu ya udokotala. Zonsezi n'zoyamikika. Adalonjezanso kuti sadzagawa mpingo wakalewo, koma pomafika m'ma 1870 udali utagawika. Mnzawo wina, Dr Asahel Grant, adakwera kumapiri a Hakkari, mbali ya ufumu wa Ottoman, ndipo mu 1842 adayamba kumanga nyumba yaikulu ya mishoni pa chitunda cha mudzi wa Ashitha. Iye ankaona sukulu. Mafumu a Akurdi adaona linga la Azungu. Mu 1843 Badr Khan adathira nkhondo midzi ya Akhristu napha anthu zikwi zingapo, ndipo asilikali ake adasandutsadi nyumbayo linga. Zifukwa za nkhondoyo zidali zambiri, kuphatikizapo mikangano yakale ya mafumu a kumapiriko, ndipo Grant adafera ku Mosul mu 1844 ndi matenda amene adatenga posamala othawa. Ndani angamutche wakupha? Koma munthu wophunzira, amene adayendayenda kumapiriko kwa zaka zingapo, adayenera kudzifunsa kuti makoma amiyala pa chitunda aoneka bwanji m'maso mwa anthu okhala ndi mfuti. Mtima woyera suchotsa udindo woganiza.

Mapeto a Urmia adadza motere. Mu 1898 bishopu Mar Yonan ndi anthu ambiri a m'chigwacho adalowa mpingo wa Orthodox wa ku Russia, ndipo si chinsinsi kuti chimene chidawakoka kwambiri chidali chitetezo cha Tsar. Asilikali a Russia adabweradi. Kumayambiriro kwa January 1915 adachoka mwadzidzidzi, Aturuki ndi Akurdi adalowa, ndipo anthu oposa 10,000 adathithikana m'mipanda ya mishoni ya America pansi pa mbendera ya dzikolo. Mbenderayo idawapulumutsa ku lupanga kwa miyezi isanu, ngakhale ambiri adatha ndi matenda mkati momwemo. Apa ndiyenera kuvomereza kuti mthunzi wa mlendo udasunga miyoyo. Koma Russia idagwa mu 1917, Angerezi adalimbikitsa Akhristuwo kugwira zida ndi malonjezo a thandizo limene lidachedwa, mtsogoleri wa mpingo Mar Shimun Benyamin adaphedwa mwachiwembu ndi mfumu ya Akurdi, Simko, mu March 1918, ndipo m'miyezi ya July ndi August anthu pafupifupi 70,000 adathawa wapansi kulowera ku Hamadan, zikwi zambiri n'kufera panjira. Mmishoni William Shedd adatsagana nawo nafa ndi kolera pa ulendo womwewo.

Ife a kuno tikudziwa mbali ina ya nkhani yotere. Amishoni a ku Scotland ndiwo adaumiriza boma la Britain kuti lisalole Apwitikizi kutenga mapiri a Shire, ndipo ulamuliro umene udakhazikitsidwa mu 1891 udatchedwa ndi dzina lotanthauza chitetezo. Kwathu wotetezayo adakhala n'kulamulira, ndipo mtengo wake tidaulipira m'njira ina. Ku Persia sadakhale. Ankabwera, n'kuloza anthu ena kuti awa ndi athu, n'kupita. Mlendo ndi mame. Pa amishoni onse ndatchulawa, amene ndimawapeza opanda mlandu waukulu ndi okhawo amene adataya mwayi wobwerera kwawo, monga Shedd, chifukwa adalipirako gawo la ngongole imene mbendera yawo idakongola.

Anthu a ku Iran ali ndi zifukwa zenizeni zokayikira alendo. Mu 1953 Britain ndi America adathandiza kugwetsa nduna yaikulu Mohammad Mosaddegh pa nkhani ya mafuta. Tsono pamene Shah adachotsedwa mu 1979, mpingo waung'ono wa Anglican, umene udamera pa ntchito ya Robert Bruce ku Isfahan kuyambira 1869, udasenza mlandu wa mayi ake. M'busa Arastoo Sayyah adaphedwa ku Shiraz mu February 1979. Bishopu Hassan Dehqani-Tafti, mwana wa banja lachisilamu la ku Taft kufupi ndi Yazd, munthu wokonda ndakatulo za kwawo amene moyo wake wonse adalimbikira kuti munthu angathe kukhala Mkhristu ndi Mpersia weniweni nthawi imodzi, adaomberedwa ali pabedi mu October chaka chomwecho. Zipolopolo zidaboola pilo ndipo mkazi wake adavulala dzanja. Mwana wake Bahram adaphedwa ku Tehran mu May 1980 ali ndi zaka 24. Amishoni achingerezi amene adamangidwa powaganizira ukazitape adamasulidwa mu 1981 nabwerera kwawo. Bishopuyo adafera ku England mu 2008 osaonanso Isfahan. Malamulo a dzikolo amazindikira Akhristu obadwa, Aarmenia ndi Aasuri, mpaka ali ndi mipando ku nyumba ya malamulo. Koma otembenuka kuchoka ku Chisilamu, amene amasonkhana m'nyumba, akagwidwa kawirikawiri amaimbidwa mlandu wosokoneza chitetezo cha dziko. Pempho la Gushtazad likadali losayankhidwa.

Kodi tsono yankho n'lakuti wakunja azingokhala chete? Ena pa koleji pano anganene choncho, ndipo zimamveka ngati nzeru, koma ndi nzeru imene imakomera wozunza, pakuti iye amafuna mdima. Chaka cha 1994 chikutipatsa nkhani imene siilola yankho lapafupi. Mehdi Dibaj, wotembenuka kuchoka ku Chisilamu, adakhala m'ndende zaka zoposa zisanu ndi zinayi, ndipo mu December 1993 adaweruzidwa kuti aphedwe chifukwa chosiya chipembedzo. Bishopu Haik Hovsepian Mehr wa mpingo wa Assemblies of God, Muarmenia amene iye mwini malamulo ankamulola kupemphera, adatulutsa nkhaniyi kunja kwa dziko. Manyuzipepala ndi maboma adalankhula, ndipo pakati pa January 1994 Dibaj adatulutsidwa.

Pa maso, Haik adachita chomwe Aphrahat ankalakalaka, kuitana thandizo la kutsidya. Koma pali kusiyana kumene ndikuona kuti ndiko kumalekanitsa wolankhulira wolakwa ndi wosalakwa. Constantine sadafunsidwe ndi Simeon. Adalemba kalata ali m'nyumba yake yachifumu, ndi zolinga zakezake zosakanikirana, ndipo kaya zikadatha bwanji, khosi lake silidali pangozi. Haik adali mkati mwa khola. Adaitana yekha, adapempha mawu osati asilikali, adapemphera munthu mmodzi wodziwika dzina, ndipo ankadziwa bwino amene adzafunsidwe za phokosolo. Akunja amene adayankha adayankha pempho la mwini nkhani, pa muyeso umene iye adasankha.

Pa 19 January 1994, patangopita masiku atatu Dibaj atatuluka, Haik adasowa m'misewu ya Tehran, ndipo mtembo wake udapezeka ndi mabala a mpeni. Dibaj adapita nawo ku maliro ake. Kumapeto kwa June chaka chomwecho iyenso adasowa, pamodzi ndi m'busa wina, Tateos Michaelian, ndipo mitembo ya onse awiri idapezeka kumayambiriro kwa July. Boma lidaloza chala gulu lotsutsa la Mojahedin-e Khalq, koma ambiri mkati ndi kunja kwa Iran sadakhulupirire. Phokoso la akunja lidagulira Dibaj miyezi isanu ya kukhala panja ndi ana ake.